Kabuku ka nthano za Ovid m'masewero a Shakespeare: pomwe ntchito yafika

Epulo, kumayambiriro

Titakumana aphunzitsi a Chingerezi a m'dera lathu, tinapatsana ntchito yolemba kabuku ka m'Chichewa kofotokoza nthano za Agiriki ndi Aroma zomwe zili m'masewero a Shakespeare amene ana athu amakumana nawo ku sekondale, makamaka Romeo and Juliet ndi Macbeth. Tilipo atatu. Ine ndikulemba nthanozo, mayi ena ophunzitsa Fomu 4 aziziyesa m'kalasi mwawo, ndipo mnyamata wina amene ndinkamuphunzitsa kale akujambula zithunzi. Ndizilemba pano momwe zikuyendera kuti inu amene munapempha kabukuka muziona, ndipo mukaona kuti tikulowera kuthengo munene msanga tisanawononge mapepala.

Ambiri mwa inu munapempha mndandanda wa mayina: Phoebus ndi mulungu wa dzuwa, Neptune wa nyanja, Diana wa alenje ndi mwezi, basi. Mndandandawo ukhalapo, tsamba limodzi kumapeto. Koma kabuku konse sikakhala kotero, ndipo pamenepa ndaumirira. Zoterozo zili kale m'munsi mwa masamba a mabuku omwe ana ali nawo. Mwana amaloweza Lachiwiri, pofika Lachisanu waiwala. Shakespeare akatchula dzina la m'nthano ankadziwa kuti ambiri mwa omvera ake akudziwa momwe nthanoyo inathera, ndipo matherowo ndi amene ankawagwira mtima pa bwalo la zisudzo. Mwana wongodziwa dzina, osadziwa mathero, wamva theka la zomwe zanenedwa. Choncho mutu uliwonse uziyamba ndi nthano yathunthu, kenako ndiye mizere ya m'sewero.

Mutu woyamba ndamaliza, wonena komwe nthanozi zinadzera. Tikati nthano za Agiriki, ambiri amathamangira kwa Homer, koma Shakespeare sanatunge kwenikweni pamenepo. Ndakatulo ya Homer ya Iliad yathunthu yomwe George Chapman anamasulira m'Chingerezi inatuluka mu 1611, pomwe Romeo and Juliet inali itasindikizidwa kale mu 1597. Chitsime chake chinali Mroma, mlakatuli Ovid, yemwe anabadwa mu 43 BC ku Sulmo, ku Italy. Buku lake lalikulu, Metamorphoses, ndi ndakatulo imodzi yogawidwa m'mabuku 15, mizere pafupifupi 12,000, nthano zoposa 200 zolumikizidwa ndi chinthu chimodzi: pafupifupi m'nthano iliyonse muli wina wosanduka china, kaya mtengo, mbalame, mwala kapena mtsinje. M'chaka cha AD 8 mfumu Augustus inamuthamangitsira ku Tomis, m'mbali mwa Black Sea, komwe lero kuli mzinda wa Constanța ku Romania, ndipo anafera komweko osabwereranso ku Rome.

M'nthawi ya Shakespeare, anyamata a m'sukulu za galamala ku England ankalimbana ndi Chilatini kuyambira m'mawa mpaka madzulo. Ankaloweza mizere ya alakatuli achiroma, kuimasulira m'Chingerezi, n'kuibwezeranso m'Chilatini, ndipo Ovid anali pakati penipeni pa zonsezi. Amene Chilatini chinkawavuta anali ndi buku la Arthur Golding, yemwe anamasulira Metamorphoses yonse mu 1567, Shakespeare ali ndi zaka zitatu. Mlembi Ben Jonson analemba mu 1623 kuti mnzake Shakespeare Chilatini ankachidziwa pang'ono, Chigiriki ndiye pang'ono zedi. Koma Jonson anali katswiri wa zilankhulo zimenezi ndipo muyeso wake unali wapamwamba. Francis Meres yekha, polemba mu 1598, anaona mwina: anati mzimu wa Ovid ukukhala mwa Shakespeare.

Epulo, kumapeto

Mutu wachiwiri ndi wa Pyramus ndi Thisbe, ya m'buku 4 la Ovid. Yanditengera nthawi chifukwa ndinafuna kuti imveke ngati nthano yokambidwa pakamwa. Ovid mwiniwake anaikonza motero: amene akuikamba ndi mmodzi mwa ana aakazi a Minyas, omwe anakana kupita ku chikondwerero cha Bacchus, mulungu wa vinyo, n'kukhala m'nyumba akupota ulusi ndi kuomba nsalu, akusinthanasinthana nthano kuti ntchito ipepuke. Pamapeto pake mulunguyo anawasandutsa mileme.

Nthanoyo ili motere. Ku Babylon kunali mnyamata ndi mtsikana omwe nyumba zawo zinali zogundizana, khoma limodzi. Anakondana, abambo awo anakaniza. Pa khomapo panali kamng'alu komwe palibe anakaonapo, ndipo awiriwa ankanong'onezana pamenepo. Anapangana kuthawa usiku kuti akakumane pa manda a mfumu Ninus, patsinde pa mtengo wa mabulosi omwe nthawi imeneyo zipatso zake zinali zoyera mbuu, pafupi ndi kasupe. Thisbe ndiye anayamba kufika. Kunabwera mkango waukazi kudzamwa madzi, kukamwa kuli magazi okhaokha a ng'ombe zomwe unali utangogwira. Thisbe anathawira kuphanga, mpango wake n'kugwa. Mkango utamwa madzi unapeza mpangowo, unaung'ambang'amba n'kuusiya wamagazi. Pyramus pofika anaona mapazi a chilombo ndi mpango, sanafunsenso kawiri, anadzibaya ndi lupanga lake.

Apa Ovid anachita chinthu chomwe chinandiseketsa ndili ndekha. Akuti magazi anathovoka m'mwamba ngati madzi pa paipi ya mtovu ikaboola, akuchita kulira potuluka pa kabowo. Pakati pa imfa ya wachikondi, munthu akukamba za mapaipi a madzi a mu mzinda wa Rome! Magaziwo ndi amene anadetsa mabulosi. Thisbe pobwerera anakayika ngati mtengo ndi womwewo chifukwa zipatso zasintha mtundu. Anamupeza mnyamata akutsirizika, anamuitana, iye anatsegula maso atamva dzina la Thisbe n'kuwatsekanso. Mtsikana anagwera pa lupanga lomwelo likadali lofunda. Makolo anaika phulusa la awiriwa mu mtsuko umodzi, ndipo mabulosi akapsa amakhala akuda mpaka lero. Mathero otere ana athu sawavuta, ndi ofanana ndi nthano za agogo zofotokoza chifukwa chomwe nyama yakuti imayendera mwakuti.

Ndaika chenjezo m'bokosi pansi pa nthanoyi, poopa kuti ana angakalembe pa mayeso kuti Romeo and Juliet inachokera kwa Ovid. Gwero lake lenileni ndi ndakatulo ya Arthur Brooke ya mu 1562, yomwe nayo inachokera ku nkhani ya Matteo Bandello wa ku Italy podzera m'Chifalansa. Chomwe tinganene molimba mtima n'chakuti Shakespeare ankaidziwa bwino nthano ya Thisbe pomwe ankalemba seweroli. Mercutio amamutchula Thisbe pogemula Romeo, pamodzi ndi Dido, Cleopatra, Helen ndi Hero. Ndipo cha m'zaka zomwezo, 1595 kapena 1596, Shakespeare analemba A Midsummer Night's Dream, momwe amisiri a mu Athens amachita sewero la Pyramus ndi Thisbe pa ukwati wa Theseus ndi Hippolyta, n'kuliwonongeratu. Bottom woomba nsalu ndiye Pyramus, Flute wokonza mivukuto ndiye Thisbe, Snout wokhoma zidebe akukhala khoma atatambasula zala kuti zikhale mng'alu, telala Starveling ndiye mwezi, ndipo Snug wopala matabwa, yemwe ndi mkango, akuyamba wapepesa azimayi kuti asaope, iye si mkango weniweni. Nkhani imodzi, wolemba mmodzi: apa anthu akulira, apo akugwa ndi phwete. Ine ndimaona kuti nthabwalayi anaitola mwa Ovid momwemo, pa paipi paja. Geoffrey Chaucer ndi John Gower anali atailemba kale nthano yomweyi m'Chingerezi zaka pafupifupi 200 m'mbuyomo, koma iwo anaitenga mwaulemu.

Meyi, pakati

Mutu wachitatu ndiwo mtima wa kabukuka, ndipo ndi umene watikanganitsa.

Mu Romeo and Juliet, gawo 3, chigawo 2, Juliet ali yekha akudikira usiku wa ukwati wake. Akuuza akavalo okoka galeta la dzuwa kuti athamange, ndipo akuti bwenzi woyendetsa wake ali Phaethon, akanawakwapula mpaka kumadzulo kuti mdima ubwere msanga. Buku la ana limangoti Phaethon anali mwana wa mulungu wa dzuwa. Tamverani tsono nthano yake, yomwe imayambira kumapeto kwa buku 1 la Ovid n'kudzaza chiyambi cha buku 2.

Phaethon anakulira kwa mayi ake, Clymene. Mnzake Epaphus anamunyoza kuti zoti bambo ake ndi Dzuwa n'zabodza, ndi zonama za mayi ake. Mnyamata anapita kwa mayi ake akulira, iwo anamuuza kuti apite akafunse yekha. Anayenda mpaka ku nyumba ya Dzuwa kum'mawa. Bamboyo anamuvomera kuti ndi mwana wake, ndipo pofuna kumutsimikizira analumbira pa mtsinje wa Styx, lumbiro lomwe mulungu sangalibweze, kuti amupatsa chilichonse chomwe angapemphe. Mwana anapempha kuyendetsa galeta tsiku limodzi. Bambo anadandaula, anamuchonderera kuti apemphe china, anamuuza kuti ngakhale Jupiter, mfumu ya milungu, sangathe kuwagwira akavalowo. Mwana anakakamira. Pomaliza bamboyo anangomulangiza kuti asagwiritse ntchito chikwapu, agwiritsitse zingwe, ayende njira ya pakati, asakwere kwambiri, asatsike kwambiri. Akavalo atangomva kuti katundu wapepuka anapatuka pa njira. Mnyamata ataona chinkhanira chachikulu cha m'nyenyezi anataya zingwe. Mapiri anayaka, mitsinje inaphwa, midzi inapsa, mpaka Dziko linalirira Jupiter, yemwe anamukantha mwanayo ndi mphenzi. Anagwera mu mtsinje wa Eridanus tsitsi likuyaka. Alongo ake analira pa manda mpaka anasanduka mitengo.

Bwererani kwa Juliet. Mtsikana wosakwana zaka 14 akupempha woyendetsa amene anaotcha dziko n'kufa tsiku lomwelo. Ndipo omvera aona kale, m'chigawo chomwe changotha, kuti Mercutio wafa, Tybalt wafa, Romeo wathamangitsidwa mu Verona. Iye yekha ndiye sakudziwa. Atangomaliza kulankhula, mlezi wake akulowa ndi zingwe zokwerera, n'kuziponya pansi. Wansembe Laurence anali atamuchenjeza kale Romeo kuti othamanga ndi amene amapunthwa, langizo lomwelo la bambo a Phaethon. Zonsezi zanyamulidwa ndi dzina limodzi.

Madamu a Fomu 4 aja anauyesa mutuwu m'kalasi mwawo. Anayamba awerenga nthano m'Chichewa mabuku ali otseka, kenako anati tsegulani gawo 3. Akuti atafika pa dzina la Phaethon, mtsikana wina wokhala kumbuyo, amene nthawi zambiri salankhula, anaimika mkono n'kufunsa kuti, "Madamu, ndiye kuti Juliet akudziitanira yekha ngozi?" Kalasi yonse inayamba kutsutsana ngati akudziwa kapena sakudziwa chomwe akunena, mpaka belu linalira. Funso limenelo talilemba m'kabuku momwe analifunsira.

Mkangano wathu uli pa mizere ina ya m'nthanoyi. Ovid akuti anthu amakhulupirira kuti ndi tsiku limenelo pomwe Aitiopiya anada khungu, magazi atakokedwera pamwamba ndi kutentha, kuti Libya anasanduka chipululu, ndipo mtsinje wa Nile unathawa n'kukabisa mutu wake. Wojambula wathu atawerenga anati, "Aphunzitsi, izi n'zotinyoza, tichotse." Ndikumumvetsa. Nthano ikuonetsa ngati khungu lakuda linabwera ndi ngozi, ngati loyera ndiye linali loyamba. Madamu akuti tisachotse, ana aone momwe Aroma ankaganizira za anthu okhala kummwera kwa Egypt, ndipo aphunzire kutsutsana ndi buku. Ine ndili mbali ya madamu, ndipo ndawonjezera china chomwe ambiri amachidumpha: kumapeto kwa buku 1 Ovid akuti mnyamatayu popita kwa bambo ake anadutsa m'dziko la Aitiopiya, anthu akwawo. Mwa Ovid, Phaethon ndi mwana wokulira ku Africa. Tagwirizana kuti mizereyo ikhale, ndi funso loti ana akambirane. Mnyamatayo wavomera, koma wati amujambula Phaethon wakuda asanakwere n'komwe galeta. Sindinamuletse.

Pa mutu womwewu ndalowetsapo Echo mwachidule, chifukwa Juliet amamutchula ali pakhonde usiku woyamba uja. Echo anakonda Narcissus, anakanidwa, anaonda mpaka anatsala mawu okhaokha m'mapanga. Nayenso si munthu woti mtsikana wongoyamba kumene chibwenzi azimutchula.

Juni, kumayambiriro

Ntchito yaima pang'ono chifukwa cha mayeso oyeserera a Fomu 4. Zithunzi za Thisbe zatha, zatsala za Phaethon. Osindikiza omwe tinawafunsa mtengo autchula wokwera kuposa zomwe tinasonkha, choncho mwina tiyamba n'kutumiza pa foni, mapepala pambuyo.

Juni, kumapeto

Macbeth ndi wosiyana. Nkhani yake inachokera m'mbiri ya Raphael Holinshed, buku la mu 1587, ndipo za Agiriki ndi Aroma zimangotulukira apa ndi apo. Koma zikatulukira zimaluma. Ross amamutcha Macbeth mkwati wa Bellona, mulungu wamkazi wa nkhondo, tisanamuone n'komwe mkazi wake weniweni. Atapha mfumu Duncan, Macbeth akufunsa ngati nyanja yonse ya Neptune ingatsuke magazi a m'manja mwake. Macduff atapeza mtembo akuuza anzake kuti alowe akaone Gorgon watsopano. Pamenepa ndalembapo za Medusa, Gorgon wa tsitsi la njoka, amene aliyense womuyang'ana ankasanduka mwala, kuti ana amve kuti Macduff akuti chomwe chili m'chipindamo chikuumitsani thupi.

Chomwe ndakhalapo kwambiri ndi Tarquin. Macbeth akupita kukapha mfumu usiku, ndipo akufanizira mayendedwe a wakupha ndi a Tarquin. Iyi si nthano ya milungu, ndi nkhani yomwe Aroma ankaitenga ngati mbiri yawo, yolembedwa ndi Livy komanso Ovid m'buku lake lina, Fasti. Sextus Tarquinius, mwana wa mfumu, analandiridwa ngati mlendo m'nyumba ya Lucretia, mkazi wa mbale wake, anadya, anapatsidwa pogona, usiku n'kunyang'ama kupita kuchipinda kwa mayiyo kukamugwiririra. Lucretia anaulula kwa mwamuna wake ndi bambo ake, kenako anadzipha, ndipo Aroma anathamangitsa mafumu, cha m'ma 509 BC malinga ndi mbiri yawo. Shakespeare anali atalemba kale ndakatulo yaitali pa nkhaniyi mu 1594. Kwa Tarquin, mlendo ndiye analakwira eni nyumba. Kwa Macbeth, mwini nyumba ndiye akupha mlendo. Onse awiri aswa lamulo limodzi, ndipo onse awiri ufumu unawathera m'manja.

Za Hecate, mulungu wamkazi wa afiti, ndalemba zochepa, n'kutchulapo kuti akatswiri ambiri amaganiza kuti zigawo zomwe iye amaonekera pa bwalo zinawonjezeredwa ndi Thomas Middleton. Ndalozeranso kwa Medea wa m'buku 7, mfiti yopembedza Hecate yomwe inaphika mankhwala mumphika ndi ziwalo za nyama zausiku. Pemphero la Medea lomwelo ndi limene Shakespeare analipatsa Prospero mu The Tempest, gawo 5, pafupifupi mzere ndi mzere, mpaka Prospero akudzitama kuti anadzutsapo akufa m'manda, chinthu chomwe sichioneka paliponse m'seweromo. Ndi Medea amene ananena zimenezo.

Julaye

Mafunso awiri abwera kuchokera kwa inu.

Loyamba ndi lakuti makolo ena sangatiyese kuti tikuphunzitsa ana milungu yachikunja? Nkhawa imeneyi si yatsopano. Ku France m'zaka za m'ma 1300 kunalembedwa Ovide moralisé, buku lomwe linapatsa nthano iliyonse ya Ovid tanthauzo lachikhristu. Golding, womasulira uja, anali munthu wopemphera kwambiri amene anamasuliranso maulaliki a John Calvin, ndipo anayamba buku lake la Ovid ndi kalata yaitali yofotokoza phunziro la nthano zambiri. John Milton mu Paradise Lost, ya mu 1667, amakamba nthano ya mulungu wosula zitsulo amene anaponyedwa kuchokera kumwamba, aikamba mokoma zedi, akamaliza n'kunena kuti okamba zimenezi analakwitsa. Koma Milton yemweyo pofuna kuonetsa Hava atangolengedwa, akumuika pa dziwe akuyang'ana nkhope yake m'madzi n'kuikonda, ndendende Narcissus, kungoti Hava anamva mawu omuitana kuti achokepo pomwe Narcissus anafera pomwepo. Ndaika zimenezi m'mawu oyamba opita kwa aphunzitsi, kuti mukhale ndi choyankha.

Lachiwiri ndi lakuti kodi tiikemo nthano ya Philomela, ya m'buku 6? Tereus anagwiririra mlamu wake Philomela n'kumudula lilime, mtsikanayo anaomba nkhani yonse pa nsalu n'kuitumiza kwa mkulu wake Procne, ndipo Procne anapha mwana wake Itys n'kumuphikira mwamuna wake. Mu Titus Andronicus, Lavinia, yemwe anamudula lilime ndi manja omwe, amatsegula buku la Ovid pa bwalo pomwepo n'kuloza nthano imeneyi kuti abale ake amvetse zomwe zinamuchitikira. Palibe umboni woposa uwu woonetsa malo omwe Ovid anali nawo m'mutu mwa Shakespeare. Komabe seweroli ana athu saliwerenga, ndipo madamu akuti nkhani ya Lucretia yakwana kale pa zinthu zofunika kuzikamba mosamala, podziwa kuti m'kalasi mungakhale mwana amene zoterezi zinamuonekera. Philomela tamusiya m'tsamba la aphunzitsi lokha.

Ndinkafuna mutu womaliza wonena za olemba a pambuyo pake, koma malo achepa, watsala tsamba limodzi. Muli Mary Shelley, amene mu 1818 anamutcha Frankenstein kuti Prometheus wamakono, George Bernard Shaw ndi sewero lake Pygmalion la mu 1913, komanso W. H. Auden, yemwe mu 1938 analemba za Icarus akugwera m'nyanja mlimi akupitiriza kulima osacheuka. Ndatsiriza ndi masewero awiri a kuno ku Africa olembedwa m'Chingerezi: la Ola Rotimi wa ku Nigeria, amene mu 1968 anasamutsira nkhani ya Oedipus kwa Ayoruba, ndi The Island ya Athol Fugard, John Kani ndi Winston Ntshona ya mu 1973, momwe akaidi awiri akukonzekera kuchita sewero la Antigone m'ndende. Awa anatunga kwa Sophocles, Mgiriki wolemba masewero, osati kwa Ovid, ndipo ndanena zimenezo poyera.

Zotsala: zithunzi ziwiri za Macbeth, mndandanda wa mayina uja, ndi kuti wina amene sanaonepo zolembazi aziwerenge n'kutiuza pomwe Chichewa chake chikumveka chokakamiza. Mutu wa Tarquin sunayesedwebe m'kalasi iliyonse. Amene muli ndi ana omwe akuyamba Macbeth teremu ikubwerayi, ndiuzeni pa gulu lathu la WhatsApp ndikutumizireni, muuwerenge musanafike gawo 2, ndipo mudzandilembere mafunso omwe ana afunse.